Mafunso ndi mayankho: timafilimu takale tophunzitsa ta "kodi mukudziwa?"

Mukamayendayenda pa YouTube kapena pa Facebook simulephera kukumana nato timafilimu takale tija, tambiri ta black and white, chithunzi chikuthwanimathwanima, kwinaku bambo wa mawu a besi akufotokoza mmene njuchi zimapangira uchi kapena chifukwa chake sitima yachitsulo siimira. Anthu amafunsa zambiri za timeneti, ndiye tasonkhanitsa mafunso omwe amabwerabwera.

Kodi timafilimu timeneti ankapanga ndani, ndipo ankationetsa kuti?

Tambiri tomwe mumaona ndi ta ku America ndi ku Britain, ta zaka za m'ma 1930 mpaka m'ma 1960. Koma si tamtundu umodzi ayi. Pali tomwe tinkaonetsedwa m'maholo a kanema filimu yaikulu isanayambe, chifukwa nthawi imeneyo ukagula tikiti sunkangoonera filimu imodzi basi, ankayamba ndi kanema wa nkhani, kenako katuni, kenako kafilimu kakafupi ka zodabwitsa za m'dziko, ndiye pomaliza filimu yomwe wabwerera. Kampani ya Paramount inali ndi mndandanda wotchedwa Popular Science, womwe Jerry Fairbanks ankapanga kuyambira 1935 mpaka 1949, wa makina atsopano ndi zotulukira asayansi. Ku Britain kampani ya Rank inapanga Look at Life kuyambira 1959 mpaka 1969, timafilimu toposa 500 tamakala, lero za malo omwera khofi ku London, sabata inayo za misika kapena za ndege.

Ndiye pali ta kusukulu. Apa maina akuluakulu ndi Coronet Films ndi Encyclopaedia Britannica Films, onse a chigawo cha Illinois ku America. Awa ankagulitsa kapena kubwereketsa mafilimu kumasukulu, aphunzitsi amatseka makatani, kuyatsa pulojekita, ana n'kumaonera za mapiri ophulika kapena za mmene mtima umapopera magazi. Gulu lachitatu ndi tomwe makampani ndi boma ankalipira kuti tipangidwe, ndipo timeneti tili ndi nkhani yakeyake, tifika.

N'chifukwa chiyani pafupifupi tonse timatha pa mphindi 10 kapena 11?

Ndi nkhani ya mpukutu wa filimu. Mpukutu umodzi wa 35mm unkakhala wotalika mafiti 1,000, omwe ndi mamita pafupifupi 300, ndipo pulojekita ikamazunguliza zithunzi 24 pa sekondi mpukutuwo umatha pa mphindi 11. Kusukulu ankagwiritsa ntchito filimu yocheperako ya 16mm, yomwe Kodak inatulutsa mu 1923, ndipo mpukutu wake wa mafiti 400 umathanso pa nthawi yomweyo. Ndiye wolemba ankadziwiratu kuti ali ndi mphindi 10 basi, zonse zokhudza maginito kapena dzuwa zikwane mmenemo. Aphunzitsi nawonso zinkawakomera chifukwa piriyodi isanathe ankapeza nthawi yofunsa mafunso.

Nanga ta "ukhulupirire kaya usakhulupirire" tija tinayamba bwanji?

Mwini wake wa sitayilo imeneyi ndi Robert Ripley. Iyeyu anali wojambula makatuni m'nyuzipepala ku New York ndipo mu 1918 anayamba kujambula zinthu zodabwitsa za m'masewera, kenako zinakula n'kukhala Believe It or Not, za china chilichonse chachilendo padziko. Pakati pa 1930 ndi 1932 kampani ya Warner Bros inamupangira timafilimu toposa 20, iye mwini akuoneka ataima pa bolodi akujambula, kwinaku akuonetsa tizidutswa ta maulendo ake. Universal nayo sinafune kutsala, inatenga Strange as It Seems ya John Hix yomwe inali yofanana nayo.

Ukatswiri wa Ripley unali wonena chinthu choona mwanjira yoti iwe upse mtima kaye. Charles Lindbergh atawoloka nyanja ya Atlantic pa ndege mu 1927, America yonse ikumutenga ngati ngwazi, Ripley anajambula katuni yonena kuti Lindbergh ndi munthu wa nambala 67 kuwoloka nyanjayo mumlengalenga osaima panjira. Anthu analusa, makalata onyoza anachita kuunjikana. Koma zinali zoona, chifukwa azibambo awiri, Alcock ndi Brown, anali atawoloka kale mu 1919, ndipo ena ambiri anadutsa pa zibaluni zikuluzikulu zokhala ndi injini zija. Chomwe Lindbergh anayamba ndi kuwoloka ali yekhayekha. Mu 1929 ananenanso kuti America ilibe nyimbo ya fuko, anthu analusanso, koma lamulo lokhazikitsa nyimboyo linadzasainidwa mu 1931.

Ndipo musaganize kuti zonsezi ankazidziwa yekha. Kumbuyo kwake kunali munthu wina, Norbert Pearlroth, yemwe anakhala zaka 52 akupita ku New York Public Library kukafufuza zoti zilowe mu Believe It or Not. Dzina lotchuka n'la Ripley koma wotopa ndi mabuku anali ameneyo.

Ndiye zomwe amanena m'timafilimu timeneti ndingazikhulupirire?

Apa ndiye pofunika kudekha, makamaka inu okonda kutenga zinthu n'kukaponya pa gulu la WhatsApp kapena kukayankhira pa kwizi. Zambiri zinali zoona pa tsiku lomwe ankajambula, vuto ndi loti tsikulo linali zaka 70 kapena 90 zapitazo ndipo wofotokozayo amalankhula motsimikiza kwambiri moti umaiwala zimenezo.

Kafilimu kalikonse ka zakuthambo kopangidwa pambuyo pa 1930 kakuuzani kuti mapulaneti alipo 9, chifukwa Pluto anapezeka chaka chimenecho ndipo anadzachotsedwa pa mndandanda mu 2006. Ka bayoloje ka m'ma 1940 kanganene kuti munthu ali ndi makromosomu (timaulusi ta m'maselo tonyamula chibadwa) 48, mabuku onse ankatero, mpaka mu 1956 pomwe Tjio ndi Levan anawerenga bwinobwino n'kupeza 46. Mukamva kuti nyumba yaitali kwambiri padziko lonse ndi Empire State Building, zinali choncho kuyambira 1931 kwa zaka pafupifupi 40, lero ili kutali pa mndandanda. Anthu padziko anali pafupifupi 2.5 biliyoni mu 1950 pomwe mu 2022 tinakwana 8 biliyoni. Mapu ndiye musanene, mupeza Nyasaland likulu lake Zomba, mupeza Salisbury m'malo mwa Harare, Gold Coast m'malo mwa Ghana.

Zimenezo n'zosavuta, umangoseka n'kupitiriza. Zoopsa ndi za umoyo ndi mankhwala. M'zaka za m'ma 1940 mankhwala ophera tizilombo a DDT ankatamandidwa kwambiri, yemwe anatulukira mphamvu yake, Paul Müller, anapatsidwa mphoto ya Nobel mu 1948, ndipo muli mafilimu oonetsa galimoto ikupopera utsi wake pomwe ana akusewera kapena kudya. Mu 1972 America inaletsa kuwagwiritsa ntchito m'minda. Chithandizo choyamba cha munthu wolumidwa ndi njoka, wopsa ndi moto kapena womira m'madzi chinasinthanso kwambiri, ndiye zimenezo musaphunzire pa filimu ya 1950 chonde, funsani azachipatala.

Mwachidule ineyo ndimagawa pawiri. Kafilimu kakamafotokoza mmene chinthu chimagwirira ntchito, giya, pampu, mandala, magetsi, nthawi zambiri kamakhala kolondola mpaka lero chifukwa giya sinasinthe. Kakamatchula manambala, "chachikulu kuposa zonse", "chothamanga kuposa zonse", kapena kakamanena za makhalidwe a anthu a mayiko ena, yang'anani kaye chaka chake.

Ngati zina zinatha ntchito, kuonera n'kwachiyani? Si bola mavidiyo atsopano?

Onerani kamodzi Around the Corner ka 1937 kenako mudzafunsenso funsoli. Ndi kafilimu ka mphindi zosakwana 10 kofotokoza difu ya galimoto, chija chimapangitsa kuti matayala akumbuyo azizungulira pa liwiro losiyana pokhota. Kamayamba ndi anthu okwera njinga zamoto atandandalikana mzere umodzi akukhota pamodzi, ndiye umaona wekha kuti wakunja akuyenera kuthamanga pomwe wamkati akungoyenda pang'onopang'ono. Kenako amakuonetsa vuto, kuti matayala awiri ukawamangirira pa chitsulo chimodzi limodzi lizikhuluzika pakona. Ndiye amatenga timitengo, kamodzi kumapeto kwa ekiselo iliyonse, n'kuika kamtengo kena kopingasa kokankha tiwiri tija. Kakuyenda koma pokhota kakuphonya. Amawonjezera timitengo tina, kuphonya kukuchepa, amawonjezeranso, amawonjezeranso, mipata ikutsekeka, mpaka iwe ukungozindikira kuti aa, timitengo tija tasanduka mano a giya. Palibe fomyula, palibe mawu ovuta, ndipo munthu woti sanatsegulepo boneti amatuluka akumvetsa chinthu chomwe ena amachiloweza chaka chonse osachimva.

Chinsinsi chake n'choti filimu inali yodula ndiye sankajambula mwachisawawa, chilichonse ankachikonza kaye, kupanga zitsanzo zamatabwa ndi zitsulo, kuyeserera, kenako kujambula. Komanso sankathamanga. Mavidiyo ambiri a lero amadula chithunzi sekondi iliyonse kuopa kuti uswaipa, pomwe akalewa ankadziwa kuti uli mu holo mwamdima ndipo kulibe kothawira, ndiye amakusiya uyang'ane chinthu mpaka chilowe.

Ena ofunika kuwaona ndi Secrets of Nature a ku Britain, a 1922 mpaka 1933, momwe Percy Smith ankajambula chomera chithunzi chimodzichimodzi kwa masiku ambiri ndi makina opanga yekha kunyumba kwake, ukamaonera nyemba ikuchita kuvina pomera. Ndiye pali Powers of Ten ya 1977 ya Charles ndi Ray Eames, yomwe imayambira pa anthu awiri akupuma pa kapinga ku Chicago, kamera n'kumatalikira kakhumi pa masekondi 10 aliwonse mpaka kupitirira milalang'amba, kenako kubwerera n'kulowa m'dzanja la bamboyo mpaka mkati mwa atomu.

Ndani ankalipira zonsezi? Zinali zaulere?

Zaulere zinachepa. Around the Corner yomwe ndaitamayo inapangidwa ndi kampani ya Jam Handy ya ku Detroit ndi ndalama za Chevrolet, ndipo mukaonetsetsa kumapeto nkhani imakhotera ku ubwino wa galimoto zawo zatsopano.  A is for Atom ya 1953 ndi katuni yokoma yofotokoza atomu, koma analipira ndi General Electric, omwe anali pa bizinesi ya nyukiliya, ndiye musadabwe kuti kuopsa kwake akungokudutsa mwachangu. Our Mr. Sun ya 1956 inapangidwa ndi Frank Capra ndi ndalama za kampani ya matelefoni ya Bell. Sikuti zomwe akuphunzitsazo ndi zabodza ayi, koma zomwe asiya osanena ndi zomwe wolipirayo sanafune kuti mumve.

Za boma ndiye chitsanzo chotchuka ndi Duck and Cover, yomwe inayamba kuonetsedwa m'masukulu a ku America mu 1952, patapita zaka zochepa Soviet Union itaphulitsa bomba lake loyamba la atomu mu 1949. Imayamba ndi kamba wa katuni dzina lake Bert atavala chipewa chachitsulo akuyenda mosangalala, nyani ali mumtengo n'kumulendeweretsa bomba loyaka pa ndodo, kamba n'kulowa m'chigoba chake. Kenako ana enieni akuonetsa zomwezo, kuwala kukangoti ng'ani onse pansi pa desiki manja kukhosi, banja lina lili pa pikiniki likudzifunditsa nsalu yoyalapo chakudya, bambo akudziphimba ndi nyuzipepala. Anthu lero amaseka, ndipo ukakhala pafupi ndi bomba desiki singakuthandize zoona, koma kwa omwe ali kutali kugwada pansi kumateteza ku magalasi osweka ndi kutentha kwa kuwalako. Kungoti filimuyo sinauze anawo kuti a pafupiwo ziwathera bwanji.

Chifukwa chiyani ofotokoza onse amamveka ngati munthu mmodzi?

Ankaphunzitsidwa kalankhulidwe kamodzi ka pa wailesi ndi pa siteji, kotchula liwu lililonse momveka, ndipo zojambulira mawu za nthawiyo zinkadula mawu otsika kwambiri ndi okwera kwambiri, n'chifukwa chake onse amamveka ngati akulankhulira m'chitini. Pafupifupi onse analinso azibambo.

Kodi kuno kwathu mafilimu otere anafikako?

Anafika ndithu. Kuno atsamunda anabweretsa mtundu wawo. Pakati pa 1935 ndi 1937 kunali ntchito yotchedwa Bantu Educational Kinema Experiment, yotsogoleredwa ndi Notcutt ndi Latham ndi ndalama za Carnegie Corporation. Ankajambulira ku Tanganyika, anapanga mafilimu 35 a 16mm, n'kumayenda nawo pa lole mpaka ku Kenya, Uganda, Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Mawu sankakhala pa filimu, ankakhala pa mbale za galamafoni kuti azisintha chilankhulo malinga ndi dera, ndipo Chinyanja chinali m'gulumo. Nkhani zake zinali za njoka za m'mimba, kusunga ndalama ku positi ofesi, kukokoloka kwa nthaka, msonkho. Ambiri mwa mafilimuwo anatayika, otsala ochepa ali ku British Film Institute.

Kenako mu 1939 Britain inakhazikitsa Colonial Film Unit pansi pa William Sellers, bambo yemwe ankakhulupirira kuti munthu wakuda wakumudzi sangatsatire filimu pokhapokha ikhale yoyenda pang'onopang'ono, yopanda kudumphadumpha kwa kamera. Mu 1948 kunabwera Central African Film Unit, likulu lake ku Salisbury, yopangira mafilimu Nyasaland ndi ma Rhodesia awiri mpaka chitaganya chitatha mu 1963. Kalembedwe komwe ankakakonda ndi ka anthu awiri, wina wanzeru womvera alangizi yemwe pomaliza akolola zambiri n'kugula njinga, wina wopusa wokakamira zamakolo yemwe zimamuthera moipa.

Kusiyana kwake kukuonekeratu. Mwana wa ku Chicago ankauzidwa mmene dzuwa limayakira, agogo athu ankauzidwa kuti azilima mizere ndi kukhoma msonkho. Komabe mafilimuwa ndi ofunika kuwaona chifukwa ndi ena mwa zithunzi zoyenda zochepa zosonyeza midzi, zovala ndi nkhope za anthu a kuno nthawi imeneyo, ungotseka khutu ku ndemanga zonyoza za wofotokozayo.

Zinatha bwanji?

M'maholo zinayamba kufa mu 1948 khoti lalikulu la ku America litalamula kuti makampani opanga mafilimu asiye kukakamiza eni maholo kugula katundu wawo mophatikiza, komanso kuti asiyane ndi maholo awo. Kafilimu kakafupi kanasowa msika wotsimikizika, TV n'kubwera kudzamaliza. Kusukulu zinachedwerapo, ndipo zinachita kukwera kaye, chifukwa Soviet Union itaponya m'mlengalenga setilaiti yoyamba yotchedwa Sputnik mu 1957 boma la America linachita mantha kuti latsalira pa sayansi ndipo lamulo la National Defense Education Act la 1958 linapereka ndalama zogulira mapulojekita ndi mafilimu. Chomwe chinadzapha 16mm ndi tepi ya vidiyo m'ma 1980. Masukulu ambiri anangotaya mipukutu yawo kudzala.

Ndiye zomwe tikuonera lerozi zinapulumuka bwanji, ndipo ndingazipeze kuti?

Mbali yaikulu ndi chifukwa cha anthu otolera zomwe ena akutaya. Wodziwika kwambiri ndi Rick Prelinger, yemwe anayamba kusonkhanitsa mafilimu otere kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980 mpaka anafika masauzande makumimakumi, ndipo mu 2002 Library of Congress, laibulale yaikulu ya boma la America, inatenga mulu umenewo. Masauzande a mafilimuwa ali pa webusaiti ya Internet Archive, mukalemba Prelinger Archives muwapeza, aulere. British Pathé, kampani ya ku Britain ya makanema a nkhani akale, inaika mavidiyo pafupifupi 85,000 pa YouTube mu 2014, mukasaka Nyasaland mmenemo mupezamo ndithu zinthu.

Kwa a bandulo yoperewera, Internet Archive ndi yabwino chifukwa imakulolani kuchita dawunilodi ndipo nthawi zambiri pamakhala fayilo yaikulu ndi yaing'ono, tengani yaing'onoyo. Pa YouTube tsitsani kwalite mpaka 240 kapena 360, filimu ya black and white ya 1940 siluza zambiri.

Ndingatenge kafilimu n'kuika pa peji yanga kapena pa TikTok?

Zimatengera. Kukalamba kwa filimu sikutanthauza kuti ilibe mwini. Ku America mafilimu opangidwa ndi boma lalikulu la dzikolo amakhala a aliyense, ndipo ambiri a makampani ang'onoang'ono otuluka chisanafike chaka cha 1964 anagwera m'manja mwa anthu onse chifukwa eni ake sanakonzenso umwini patatha zaka 28 monga lamulo linkafunira. N'chifukwa chake zambiri za Prelinger anthu amazigwiritsa ntchito momasuka. Koma za British Pathé zili ndi eni ake ndipo amagulitsa chilolezo, za Disney ndiye musayerekeze n'komwe. Werengani zomwe zalembedwa pansi pa filimuyo, ndipo mukaika lembani dzina lake ndi chaka, kuti wina asatenge za mapulaneti 9 n'kukalemba pa mayeso.

Nanga ndidziwa bwanji kuti ndi yakaledi, osati yopangidwa ndi AI?

Funso la masiku ano limeneli. Filimu yeniyeni imakhala ndi mutu koyambirira, dzina la kampani, ndipo kawirikawiri chaka cholembedwa m'manambala a Chiroma pansi, monga MCMXLVIII yomwe ndi 1948. Ukalemba mutuwo pa intaneti umapezeka m'malo osungira zakale. Yabodza imangoyamba, ilibe dzina, zilembo za pa zikwangwani zimakhala zosawerengeka, nkhope zosalala kwambiri, ndipo timizere ta kukalamba timabwerera malo omwewo mobwerezabwereza. Palinso zapakati, filimu yeniyeni koma wina waipaka makala ndi kompyuta, apo dziwani kuti makalawo ndi ongoganizira, diresi lomwe mukuliona la buluu mwina linali lofiira.

Ndi zoyenera ana?

Za makina, zinyama ndi zomera zambiri zili bwinobwino, ndipo zimathandizanso Chingerezi chifukwa amalankhula momveka. Za maulendo ndi "anthu achilendo a kutali" yambani mwaonera nokha, muli tsankho losabisa, makamaka akafika ku Africa.

Bwanji ena amaoneka ofiirira ngati pinki? Ndipo ndapeza mpukutu wakale ukununkha viniga, nditani?

Pinkiyo ndi matenda a filimu yamakala ya Eastmancolor yomwe inayamba mu 1950. Utoto wake uli mitundu itatu, ndiye wa buluu wobiriwirako ndi wachikasu umafwifwa msanga n'kutsala wofiirirawo. Za mitundu ina ya filimu, Kodachrome ndi Technicolor, zimasunga makala bwino kwambiri, n'chifukwa chake filimu ya 1945 nthawi zina imaoneka yowala kuposa ya 1970.

Fungo la viniga likutanthauza kuti pulasitiki ya filimuyo yayamba kuwola ndipo ikutulutsa asidi. Sizibwerera m'mbuyo, ungangochedwetsa. Ipatuleni kwa inzake chifukwa mpweya wakewo umafulumizitsa kuwola kwa zina, isungeni pozizira ndi pouma, osati m'chipinda cha malata chotentha, ndipo musaiike mu pulojekita chifukwa ikakhala yakhwinyata ing'ambika. Ngati ndi yaikulu ya 35mm ndipo ikuoneka ya zaka za m'ma 1950 zisanafike, samalani kwambiri, ikhoza kukhala ya nitrate, yomwe imayaka moopsa ndipo madzi sazimitsa, nthawi zambiri m'mphepete mwake mumalembedwa NITRATE kapena SAFETY. Funyululani pang'ono poyambira ndi manja oyera mutagwira m'mbali, jambulani mutu wake ndi foni poyang'anitsa kuwala, ndipo ngati ikuonetsa za kuno kwathu kafunseni ku National Archives ku Zomba musanaganize zoitaya.